Kumbuyo kwa Ziro

Chinali chaka cha 1971, ndili ndi zaka khumi ndi zitatu, mu Sitandade 7. Ndikati ndikumbukire chaka chimenecho, chimene chimayamba kubwera si nkhope ya munthu ayi. Ndi chingwe.

Chinali chingwe cha khonje, chimene aphunzitsi athu anapota ndi manja awo. Anachimanga mfundo zotalikirana sitepe imodzi ya mwana, ndipo pakati penipeni anamangapo kansanza kofiira. Chinkanunkha utsi, chifukwa ankachipachika kudenga la khitchini yawo kuopa chiswe. Miyezi yozizira m'kalasi mwathu simunkakhalika. Mazenera analibe magalasi, ndipo mphepo ya kumapiri kuno sigogoda. Ndiye aphunzitsi ankatitulutsa padzuwa, n'kutambasula chingwe chija pabwalo, nsonga ina kuloza kusukulu, ina kuloza kumsewu waukulu.

Amene sadziwa kwathu ndiwauze. Cha ku Lizulu kuno msewu ndiwo malire. Uku ndi Malawi, ukaoloka msewu uli ku Mozambiki, kumene masiku amenewo tinkati kwa Apwitikizi. Anthu ake ndi amodzi, chilankhulo chimodzi, ngakhale kachewere amene timalima ndi yemweyo. Amayi anga anachokera kutsidyako, koma osati m'mbali mwa msewu. Kwawo kunali m'kati, kuseri kwa mapiri.

Bambo anamwalira chaka chomwecho, chimanga chikumasula. Chinali chifuwa. Sindilemba zambiri pa zimenezo. Anasiya amayi, ine, ndi mlongo wanga amene anali akadayamwa.

Tsiku loyamba la chingwe aphunzitsi anaponda pa kansanza kaja n'kunena kuti apa ndi pa ziro. Mfundo zoloza kusukulu anati ndi 1, 2, 3, monga tinkadziwira kale. Kenako anatembenuka n'kuloza mfundo zopita kumsewu, n'kuti nazonso ndi nambala, koma za kumbuyo kwa ziro, ndipo dzina lake ndi mainasi. Tinaseka. Ana a alimi tinkadziwa bwino kuti dengu likatha latha. Sungachotse mbatata khumi m'dengu la mbatata zisanu ndi ziwiri.

Aphunzitsi sanatsutse. Anangoti: "Iwalani dengu. Ganizani njira. Kodi njira imathera pamene mwaimapo?"

Samu zake zinali zotere. Ankalemba pansi ndi kamtengo kuti x + 6 = 2, n'kufotokoza kuti munthu wina wayenda masitepe asanu ndi limodzi kupita kutsogolo, wafika pa 2. Funso linali lakuti ananyamukira pati. Mwana ankaima pa 2, n'kubwerera chambuyo mfundo zisanu ndi imodzi. Akadutsa kansanza kofiira n'kukaima pa mfundo yachinayi ya kumbuyo, yankho linali pansi pa mapazi ake: mainasi 4. Koma aphunzitsi sankalandira yankho losayesedwa. Wopezayo ankayenera kuyendanso kupita kutsogolo, kuti tonse tione ngati afikedi pa 2. Ankati samu yosatsimikiza ndi mphekesera.

Vuto linabwera ndi anzanga. Mnyamata wina wamkulu wa kumbuyo kwa kalasi, amene anali atayamba kale kumera ndevu, anati pansi pa ziro ndi kumanda, chifukwa malo okhawo amene munthu amapita akatha ndi amenewo. Mawu aja anagwira ngati moto wolusa. Atsikana anakana kudutsa kansanza. Anyamata ankafika pa ziro n'kuyamba kutsimphina, ena kukhosomola. Wina anakauza makolo ake, ndipo makolowo anatumiza uthenga kuti mwana wawo asamayendetsedwe m'malodza.

Aphunzitsi anafunsa amene angayende. Ndinakweza dzanja. Musaganize kuti kunali kulimba mtima. Ndinali nditaona kale manda enieni, ndipo ndinkadziwa kuti safanana ndi chingwe.

Kuyambira tsiku limenelo mbali ya kumsewu inakhala yanga. Kalasi yonse inkaunjikana kumbali ya sukulu, potchinga mphepo, mapewa akugundana. Ine ndinkaima ndekha kumbuyo kwa ziro. Ndikukumbukira udzu woyera ndi chisanu ukulasa m'ming'alu ya zidendene, ndi kabudula wa kaki amene sankafunditsa kanthu. Ndikukumbukiranso phokoso la ngolo zopita kumsika, chifukwa ine ndekha ndinali pafupi ndi msewu. Anzanga anandipatsa dzina. Ankati ndine Mainasi, popeza bambo anga ali pansi, amayi anga ndi a kutsidya. Ndinamenya mmodzi, dzinalo linakula. Ndinasiya kumenya.

Samuzo ndinazidziwa, ndipo ndinena mosabisa kuti m'kalasi monse panalibe wondiposa. Posakhalitsa sindinkafunanso chingwe. Madzulo ndikudyetsa ng'ombe kudambo ndinkalemba pamchenga, x − 2 = −7, n'kuyankha ndekha, n'kutsimikiza ndekha, n'kufufuta ndi phazi. Abusa anzanga ankasewera patali. Iwonso anali atamva za kumanda zija.

Ng'ombezo zinali za bambo aakulu, akulu ake a bambo anga. Anali munthu wamtali, wosalankhula kawiri. Atamwalira bambo, zonse za pakhomo pathu zinalowa m'manja mwawo: munda, dimba, fizi yanga ya kusukulu, ndi ife.

Apa ndifotokoze mwambo wathu, pakuti ana a lero ambiri saudziwa. Kwa anzathu ambiri mwana ndi wa kuchikazi. Banja lathu linali la malowolo. Bambo pokwatira anapereka ng'ombe kwa malume, mchimwene wa amayi, ndipo ng'ombezo zinaoloka msewu ine ndisanabadwe. Lamulo lake n'lalifupi. Kumene kwachoka ng'ombe ndi kumene kumakhala ana. Mkazi wamasiye akafuna kukhala, amalowedwa chokolo ndi m'bale wa malemu. Akafuna kubwerera kwawo, amabwerera yekha. Kuti atenge ana, ng'ombe ziyenera kubwezedwa.

Zonsezi zinkadikira mwambo wa kusudzula, womasula wamasiye, umene unayenera kuchitika tikakolola, chimanga cha mowa chikapezeka. Choncho nyengo yonse yozizira ija inali yodikira. Amayi ankamanga duku lakuda, sankadzola mafuta, sankapita kumsika. Akazi a pamudzi ankawalonjera ali chiimire, osakhala pansi. M'nyumba mwathu munali chete moti ndinkamva mlongo wanga akumeza mkaka. Funso linali limodzi, ndipo ndinkagona nalo, kudzuka nalo: amayi akapita, ndipita nawo kapena nditsala?

Ndinafunsa bambo aakulu tsiku lina ndikutseka khola. Anayamba awerenga ng'ombe zawo ndi maso, monga mwa chizolowezi, kenako anati: "Mwana wa mng'ono wanga sakalima minda ya eni ine ndili moyo. Tseka bwino apo, pali mpata."

Ndinayesanso kwa aphunzitsi. Ndinkaganiza kuti munthu wodziwa za kumbuyo kwa ziro angathe kuuza akuluakulu chochita. Ndinawapeza akukulunga chingwe pachigongono. Anali mlendo kwathu, wochokera kuchigwa, wopanda mkazi, ndipo ankadziphikira yekha, chinthu chimene amayi a pamudzi ankachiseka pachitsime. Anandimvetsera mpaka ndinamaliza.

"Kwathu ukanakhala wa amayi ako, popanda ndi mlandu womwe," anatero. "Koma kuno ndine wobwera. Ndikalowerera, mawa andiuza kuti ndinyamule chingwe changa."

Ndinawakumbutsa lamulo limene ankatiuza tsiku ndi tsiku, lakuti chimene wachita mbali iyi ya samu uchitenso mbali inayo. Ndinati ngati amayi aoloka, inenso ndioloke. Aphunzitsi anati lamulo limenelo ndi la nambala. Anandipatsa kachidutswa ka choko, ndipo ndinakatenga chifukwa kukana kukanakhala mwano. Lero ndimati anayankha zoona. Tsiku limenelo ndinawaona ngati munthu wamantha.

Mowa unaphikidwa. Malume anabwera, ndipo ndinawaona ali patali akukwera njira ya kuchitsime. Ndinayang'ana kumbuyo kwawo. Kunalibe ng'ombe. Anali ndi ndodo ndi jekete long'ambika pamapewa. Ng'ombe zija anali atalowolera mkazi wawo kalekale, ndipo zotsala zinafa ndi matenda. Ana sitinkaloledwa pabwalo la nkhani, choncho ndinatumidwa kudambo. Zimene zinakambidwa ndinazimva madzulo kwa akazi a bambo aakulu, amene anandiuza akupeta, osandiyang'ana. Amayi anafunsidwa za chokolo, anakana. Anafunsidwanso, anakananso. Ndiye anamasulidwa kuti abwerere kwawo. Wakhandayo apite naye mpaka atasiya kuyamwa, kenako adzabwezedwe. Wamkuluyo atsale.

Sindiwaweruza amayi chifukwa chokana. Ndakalamba tsopano, ndaona akazi amene anavomera.

Tsiku lonyamuka silinanenedwe. Malume anabwerera kwawo, amayi anatsala kuti akumbe kachewere wa kudimba, popeza anadzala ndi manja awo. Ine ndinapanga nzeru zanga. Ndinakhulupirira kuti tsikulo likafika adzandiitana mwakachetechete, tidzaoloka msewu, ndipo za ng'ombe akuluakulu adzakangana okha. Ndinamanga malaya anga a kutchalitchi m'kansalu n'kubisa m'nkhokwe. Sindinawauze. Ndinkayembekeza kuti mayi amadziwa zotere popanda kuuzidwa.

Loweruka lina tinali awiri kudimba, mwana atamugoneka pamthunzi wa nthochi. Dothi linali lakuda, lozizira, lomata m'zala. Amayi sanapiteko kusukulu, koma anali atamva dzina limene anzanga ankanditcha, ndipo anafuna kudziwa tanthauzo lake. Ndinawaonetsa pamizere. Ndinazika khasu pamzere umodzi kuti ndi ziro. Ndinati munthu wayenda mizere inayi kupita kutsogolo, wafika pa mzere woyamba, ananyamukira pati? Anaganiza, anakweza chitenje pang'ono, n'kuyamba kubwerera chambuyo akudumpha mizere. Anaima pa mzere wachitatu kuseri kwa khasu.

"Ndiye kuseri kwa palibe kulinso anthu?" anafunsa.

Ndinati kuli nambala, amayi, osati anthu.

"Nanga ine ndaima panoyu ndine nambala?"

Anaseka. Kanali koyamba kuwamva akuseka chimwalirire bambo, ndipo anadzigwira pakamwa msanga n'kuyang'ana ngati pali wina wawamva. Kenako anafunsa kuti kusukuluko ndimaima pati, nthawi yanji, ndi yani. Ndinati kumbali ya msewu, dzuwa likangokwera pang'ono, ndekha. Anati: "Uzivala thumba pamapewa. Kumazizira." Tinapitiriza kukumba. Ndinadikira kuti anene za tsikulo. Sananene.

Mmawa wa tsikulo panalibe chachilendo. Anandipatsa mbatata yootcha, yotentha, kuti ndifunditse manja panjira. Ndinapita kusukulu.

Chisanu chinali chitagwa kwambiri. Aphunzitsi anatambasula chingwe n'kulemba pansi kuti x + 8 = 3. Yankho ndinalidziwa asanamalize kulemba, koma lamulo linali loyenda. Ndinaima pa 3, ndinabwerera chambuyo, ndinadutsa kansanza, ndinakaima pa mfundo yachisanu ya kumbuyo. Ndinatembenuka pang'ono kuti mphepo isandiombe kumaso. Ndi pamene ndinawaona.

Anali pansi pa mtengo wa bulugamu, m'mbali mwa msewu, chakuno. Malume, amene anabweranso kudzawatenga, anali patsogolo atasenza bokosi la chitsulo la amayi. Amayi anali ndi mtolo pamutu, mwana kumbuyo, duku lakuda atalivula. Anaima. Anatula mtolo, anamasula mbereko, anamanganso. Anamasulanso kachiwiri. Malume anali ataoloka kale, akuwakodola ndi ndodo. Panali mtunda woti munthu ataitana ndikanamva bwinobwino.

Ndinadikira dzanja. Ndinadikira dzina langa. Miyendo inali yokonzeka, ndipo za malaya a m'nkhokwe ndinali nditazisiya kale mumtima. Amayi anayang'ana kumene ndinali. Sanakweze dzanja.

Aphunzitsi anali atawaonanso. Anabwera pafupi nane, kumbali imene sankabwerako kawirikawiri, n'kunena motsitsa mawu kuti anzanga asamve: "Ngati uli ndi ludzu, pita ukamwe madzi. Usafulumire kubwerera."

Ndinati: "Ndilibe ludzu, aphunzitsi."

Ndinali mwana wa bambo anga. Kwathu munthu sathamangira kumene sanaitanidwe. Ndinaganiza kuti ngati akundifuna, pakamwa ali napo.

Aphunzitsi anabwerera pamalo awo n'kufunsa yankho. Ndinati mainasi 5. Anati nditsimikize. Ndinatembenuka, msewu unakhala kumbuyo kwanga, ndipo ndinayenda mfundo zisanu ndi zitatu kupita kusukulu, ndikuwerenga mokweza monga tinaphunzitsidwira. Ndinafika pa 3. Samu inali yokhoza. Nditacheuka, pansi pa bulugamu panalibe munthu. Kutsidya ndinangoona bokosi la chitsulo likunyezimira pakati pa udzu, kenako chitunda chinalibisa.

Madzulo ndinapeza mphasa yanga atainyamula kale kupita kwa bambo aakulu. Nyumba yathu anaigwetsa mvula isanayambe, monga amachitira ndi nyumba ya malemu, ndipo pamalopo anadzalapo maungu. Bambo aakulu sanandizunze. Ndinadya chimene ana awo ankadya, fizi analipira mpaka Sitandade 8. Sindinasankhidwe kupita kusekondale, ndipo sukulu yanga inathera pomwepo. Dzina la amayi silinkatchulidwa pakhomo. Sikuti panali lamulo loletsa. Panalibe amene anali ndi chifukwa cholitchulira.

Kutsidya kunali nkhondo, ndipo inkasendera. Midzi ya m'kati inasamutsidwa, ina inapsa. Mlongo wanga sanabwezedwe. Nditakula ndinaoloka kukafunafuna, ndinapeza mitengo ya mango yokha ndi anthu achilendo amene sankadziwa dzina la malume. Zaka zimene anthu othawa nkhondo anadzaza m'mbali mwa msewu uno, ndinayenda m'misasa yawo ndikufunsa. Ena ankati anamvapo za mayi wotero, ena ankati ayi. Pali anthu amene amandiuza kuti bambo aakulu anandipulumutsa pondikaniza. Mwina n'zoona. Sindinawathokoze, sindinawatukwane. Ndinawaika m'manda mwaulemu wonse.

Kwa zaka zambiri ndinkati amayi anandiona n'kusankha kukhala chete. Mwana wa zaka khumi ndi zitatu sakanaganiza mopitirira apo. Sindinkadziwa kuti akanandiitana ine n'kuthamanga, ukanakhala mlandu wakuba mwana wolowoledwa. Amuna a kwathu akanawalondola tsiku lomwelo, n'kubwera ndi ana awiri m'malo mwa mmodzi. Sindinkaganizanso za njira. Njira ya kwa malume inkatsikira kuchitsime n'kuoloka msewu kumunsi, kutali ndi sukulu. Yodzera pa bulugamu inali yozungulira, yokwera chitunda, yosayenera munthu wosenza katundu ndi mwana kumbuyo. Ndinazindikira zimenezi ndili kale ndi ana anga, tsiku lina ndikukwera chitunda chomwecho ndi thumba la feteleza pamutu. Ndinatula thumbalo, ndinakhala pansi.

Ndine munthu wowerenga zinthu, ndiye ndiwerenge. Chaka chimenecho ndinataya bambo. Ndinataya amayi. Ndinataya mlongo amene sanafike podziwa kuti ali ndi mchimwene, ndipo ngati ali moyo ndi gogo wolankhula Chipwitikizi, woti tikhoza kugulana tomato pa Lizulu osadziwana. Ndinataya nyumba imene ndinabadwiramo. Ndinataya mtunda waufupi uja wa pakati pa ine ndi bulugamu, umene mwana aliyense wopanda nzeru akanauthamanga. Zisanu.

M'khola la bambo aakulu simunasowe ng'ombe ndi imodzi yomwe.